Mwala wa Mbali Ziwiri

Lamulungu, 13 Meyi 1956

Titangotuluka m'tchalitchi a Robson, amene amatiphunzitsa kwaya, anatiimitsa pansi pa mango. Akuti kwaya ya kutsidya kwa mtsinje wa Ruo inakwera phiri la Mulanje mwezi watha n'kukaimbira pamwamba, ndiye pano sakulonjeranso anthu bwinobwino. Ifenso tikwera, Loweruka la pa 26. Wotsogolera njira akhala amuna anga a Alufeyo, poti ndiwo amatsika kumeneko sabata ndi sabata, thabwa la mkungudza lili pamutu. Tonse tinawomba m'manja, ngakhale a Pilato a besi amene amapuma kawiri pokwera chulu.

Koma pakamwa pangapa! Madzulo tikusenda chinangwa ndinawafotokozera Amayi, kungocheza chabe. Anaika mpeni pansi. "Esteri, inenso ndipita." Ndinaseka, iwo osaseka. Akuti munthu akafika paphewa la phiri, pamwamba pa minda ya tiyi, amaona Chiperoni, phiri la kwawo kwa Apwitikizi kumene anachoka ali kamtsikana, osabwererakonso. Chaka chino maso awo ayamba chifunga. "Ndikalione kamodzi asanatsekeke. Chaka chamawa ndidzalionera chiyani, zigongono?"

Apite ndithu, ndikufuna apite. Koma nanga a Alufeyo? Mkamwini ndi apongozi ake saonana nkhope mpaka mwana woyamba atabadwa, ndiye paphedwe nkhuku amasulane. Ife mwana sanabwere. Nkhuku imene Amayi anasungira mwambowo inafa yokha ndi ukalamba, ndipo anthu awiriwa akuthawanabe ngati ukwati unachitika dzulo.

Lolemba, 14 Meyi

Ndawauza a Alufeyo (ndizingolemba a A., pensulo yafupika). Sanadandaule n'komwe. "Panjira palibe mlandu. Ine ndidzakhala kutsogolo, iwo kumapeto kwa mzere. Khosi langali linazolowera thabwa, silicheuka." Zoona. Mlandu uli pokumanira, pamene anthu amaima mozungulira, kupemphera, kuyang'anana. Tikapanda kupeza malo abwino, mmodzi atsala. Akatsala a A., ulendo palibe. Akatsala Amayi, ine pamudzi pano ndidzakhalapo bwanji?

Lachitatu, 16 Meyi

Kukwaya lero sitinaimbe ndi nyimbo imodzi yomwe. Nkhani ya pokumanira basi.

A sopulano akuti pa tchalitchi. Ndinati ayi, bwalo lija ndi la pambalambanda, palibe ndi chitsa chomwe chobisalapo. Lamulungu zimatheka chifukwa amuna ali ndi khomo lawo, ndiponso a A. amatuluka nyimbo yomaliza ili pakati. Chikwatirireni sanamvepo mdalitso wotsekera.

Janeti wa alito akuti pa mlatho. Poti uli kuseri kwa nyumba yake, waulesi uja, akufuna adzadzuke dzuwa litawomba. Ndinamufunsa kuti Amayi akadzatulukira mbali ina ya mlathowo amuna anga adzalumphire kuti, m'madzi? Akuti, "Kodi sadziwa kusambira?"

A Pilato akuti pa sitolo ku Boma. Azimayi onse anakuwa, pakuti kuseri kwa sitoloyo kumakhala masese, ndipo besi ikangofika pamenepo phiri lidzadzikwera lokha.

A A. anati iwo angotsogola mbandakucha, akatidikire m'nkhalango. Kukuwanso. Akuti phiri lija lili ndi eni ake osaoneka, palibe amene aponde phazi wotsogolera asanapemphereredwe pamaso pa onse, manja ali pamutu pake.

Aliyense akalankhula a Robson amagwedeza mutu: "Mfundo yabwino imeneyo." Munthu ameneyu ndi kapitawo ku esiteti, ndiye ndimadabwa kuti anthu othyola tiyi amawalamula bwanji. Wina anati a A. adzavekedwe dengu la tiyi kumutu mpaka pemphero litatha. "Mfundo yabwino." Chondipsetsa mtima n'chakuti mwini wakeyo anavomera, n'kufunsa ngati dengulo lidzakhala lotsuka. Mwamuna wanga sadzaima pagulu atavala dengu, ndakana ine.

Lachinayi, 17 Meyi

Amayi ayamba kuyeserera. Mmawa ndawapeza akukwera chulu cha kuseri kwa nkhokwe n'kutsika, kukwera n'kutsika, mphika uli pamutu, mbuzi zikuwayang'ana. Ndinati bwanji inu mudzafike gulu litanyamuka kale, ine ndidzakudikirani, tidzawatsatire. Anandiyankha ali pamwamba pa chulu: "Ndine mfiti kuti ndizifika anthu atachoka? Pemphero limenelo nanenso ndilimve, miyendo yokalambayi ndiyo ikulifuna."

Lachisanu, 18 Meyi

A A. abwera akudzikanda thupi lonse. Akutsika ndi thabwa anangoona Amayi akubwera kutsogolo, panjira yopapatiza ija ya kumadimba. Analumphira kutchire thabwa lili pamutu, n'kugwera m'chitedze. Ndawapaka phulusa msana wonse. Iwo kubuula, ine kuseka kukundigwira, chisoninso.

Ndinapita kwa Amayi kukadandaula. Akuti iwo panjira ya kumadimba sanakumane ndi munthu, anangomva chinthu chikugwa, anayesa nguluwe. Koma mmawa, akuti, popita kuchitsime anamupeza mkamwini wawo ataima m'mbali mwa njira. Anamufulatira, n'kudziphimba nsalu kumaso, kudikira kuti adutse. Iye osasuntha. "Miyendo inachita kundiwawa. Umuuze mwamuna wako kuti ulemu ukumuthera."

Mmawa a A. anali pamwamba pa phiri.

Loweruka, 19 Meyi

Ndakayang'ana panjira ya kuchitsime. Pali nthochi imene wina anaidula mutu. Kutalika kwake ndi kwa a A. ndithu, kuwondanso chimodzimodzi.

Lamulungu, 20 Meyi

Ndapeza! Pamene njira imatulukira m'minda ya tiyi n'kuyamba chitunda pali mwala waukulu kuposa nyumba yathu, ndipo njira imagawikana n'kuuzungulira mbali zonse ziwiri. Azimayi adzaime kum'mawa ndi Amayi, amuna kumadzulo ndi a A. Pemphero lidzamveka konsekonse, maso osadutsa. Ndawauza a Robson (iwonso akhale a R.) pamaso pa onse. "Mfundo yabwino kwambiri." Mawu akuti kwambiri sanamuuzepo wina aliyense, ndiye ndikuyesa nkhani yatha.

Janeti anapotoza mlomo. Kenako ndinamuona akunong'onezana ndi a R. kuseri kwa belu, a Pilato nawonso anawaperekeza mpaka panjinga. Azinong'ona, mwala wanga sausuntha.

Lachiwiri, 22 Meyi

Tinakayeserera, atatu. Ndinayamba kuwaperekeza Amayi n'kuwakhazika kum'mawa, kenako ndinakuwa kuti a A. atuluke m'tiyi mmene anabisala, adutsire kumadzulo. Ine ndinaima pakona, diso lina kuno, lina uko. Anthu ochokera kothyola anaima n'kumationerera, madengu ali kumsana. Mayi wina anafunsa ngati tikuchotsa ziwanda.

Zinayenda bwino. Amayi anakhosomola, a A. anakhosomola kuyankha, ndiye moni wawo wa zaka zonsezi. Kenako Amayi anati, "Mwala iwe, uwauze a kuseriwo kuti chitedze chimapola ndi ndowe, osati phulusa." A A. anati, "Mwala iwe, uwathokoze." Ine ndili pomwepo, wamoyo, wa makutu awiri, koma akutuma mwala.

Pobwerera ndi pamene zinthu zinavuta. Amayi anapunthwa pa kamwala koyera, koonekeratu pakati pa njira. Ndinawalozera phiri lathuli, Mulanje wathunthu ali pamphuno pathu, ndikuti taonani mmene mathithi akuwalira. Anati eya, akuwala ndithu, nkhope ataloza ku fakitale ya tiyi. Ndili ndi mantha. Phiri lili apali sakuliona, nanga la kutali kwa Apwitikizi adzaliona bwanji? Adzakwera chitunda chonse chija kuti akalire pamwamba? A A. sindinawauze.

Lachinayi, 24 Meyi

Chiperoni chagwa kuyambira mmawa, kamvula kake kaja kowaza kolowa m'mafupa. Phiri silikuoneka ndi pang'ono pomwe. Amayi ayala mphasa pabwalo, akuti abale awo abwera kudzapereka moni, sangawabisalire m'nyumba.

Ndinayesa kuwanyengerera kuti atsale. Ndinati chitunda n'chachikulu, miyala ndi yoterera, tidzakufotokozerani zonse pobwera. Anakwiya zenizeni. "Ukufuna nditsale kuti mwamuna wako ayende momasuka. Ukanabereka bwenzi zonsezi palibe, bwenzi ndikungoyenda naye ngati anthu." Ndinalowa m'nyumba ndikulira. Zimandiwawa, ndipo amadziwa kuti zimandiwawa. Madzulo anabwera ndi chinangwa chootcha, anachiika pakhomo n'kubwerera akupapasa mpanda.

Lachisanu, 25 Meyi

Kwayera. Amayi akhalira kuphika nyemba za kalongonda tsiku lonse, wa paulendo. A A. adula ndodo yaitali ya nsungwi. Janeti wandilonjera mokoma kwambiri kuchitsime, sindikudziwa chifukwa chake.

Lamulungu, 27 Meyi

Dzulo sindinalembe, dzanja linakana. Lero kutchalitchi sindipita, ndikawaona a Robson ndingachimwe m'nyumba ya Mulungu.

Tinafika pamwala kukungocha. Amayi kum'mawa ndi mphika wawo, a A. kumadzulo ndi ndodo yawo, ine pakona. Tinadikira. Dzuwa linatuluka, linakwera, mame anauma. Wa kwaya ndi mmodzi yemwe osaoneka. Kenako kunadutsa mayi uja wa ziwanda, akuti, "Kodi si anzanu amene akuimba pa mlatho aja?"

Kani a R. anauza aliyense payekhapayekha kuti malo ake ndiwo apambana! Janeti anamuuza mlatho, a Pilato sitolo, a sopulano tchalitchi, ine mwala. Ndinawauza awiriwo kuti asasunthe, Amayi apa, inu apo, ndikukatenga anthu. Ndinaliyatsa liwiro.

Pa mlatho ndinapeza makoko a nthochi okhaokha, akuti atopa kudikira, apita ku tchalitchi. Ku tchalitchi akuti angochoka kumene, amva kuti anthu ali ku sitolo. Ku sitolo ndinapeza a Pilato okha atatsamira khoma, akuimba besi ya nyimbo ya maliro, akuti enawo apita ku mlatho kukafuna ine. Panjira ndinakumana ndi a R. pa njinga, thukuta lili kamukamu, akuchokera kumene ine ndikupita. Ndinati, "A Robson, mwatipha!" Anati, "Mayi, nanga ndikanakhumudwitsa ndani?" n'kupalasa. Ndamva kuti chakumadzulo onse anakumana mwangozi pamphambano, anaimba nyimbo ziwiri atayang'ana phiri, n'kumwazikana.

Ndinabwerera ndekha dzuwa latsala pang'ono kufika pamutu. Pamwala palibe munthu. Kum'mawa kulibe, kumadzulo kulibe, mphika palibe. Ndinazungulira mwalawo ndikuitana ngati wamisala. Ndinaganiza kuti Amayi atopa n'kunyamuka okha, agwera kuphompho, a A. athawa ndi mantha. Kenako ndinaona mapazi pafumbi la chitunda, aakulu kutsogolo, aang'ono pambuyo. Ndinakwera kutsata mapaziwo.

Ndinawamva ndisanawaone. Mawu a amuna anga m'nkhalango: "Ndodo iwe, uwauze kuti pali muzu, akweze phazi lamanja." Kenako a Amayi: "Ndodo iwe, uwauze kuti ndinayamba kuyenda iwo asanabadwe." Nditakhota ndinawaona. A A. kutsogolo, mphika wa kalongonda uli pamutu m'malo mwa thabwa, khosi lili gwa, dzanja lili kumbuyo litagwira nsungwi. Kumapeto kwa nsungwiyo Amayi, atagwira ndi manja onse awiri. Pambuyo pake a A. anandiuza kuti anayambitsa ndi Amayi. Amayi anafunsa mwala kuti mitambo imabwera nthawi yanji, a A. anauza mwala kuti dzuwa likangopendeka, ndiye Amayi anaimirira n'kunena kuti, "Mwala iwe, ife tatopa nawe."

Sindinawaitane. Ndinangotsatira chapatali, kupuma pamene iwo apuma. Pathanthwe lina loterera Amayi anakwawa ndi maondo, dzanja limodzi lili pansungwi. A A. anaima chilili atayang'ana kutsogolo, akuuza ndodo kuti palibe chothamangira.

Tinafika paphewa paja dzuwa litayamba kupendeka. Pansi pathu minda ya tiyi yonse, Ruo akung'anima, ndipo kutali, kuseri kwa zigwa za kwa Apwitikizi, phiri lili lokha, mtambo uli pamutu. Ine ndinaliona. A A. analiona. Amayi anaima atagwira nsungwi, maso ali tong'o, nkhope italoza pambali.

"Ndodo iwe, lili kuti?"

A A. anasuntha nsungwi pang'onopang'ono mpaka Amayi atatembenukira kumene kuli phirilo. Anayang'ana nthawi yaitali. Anapukuta maso ndi nsalu, n'kuyang'ananso.

"Palibe chimene ndikuona," anatero. "Utsi wokhawokha." Sanauze ndodo, anangonena. Kenako anati, "Tandiuzani inuyo. Ndodoyi isiyeni, yatopa."

A A. anakhosomola, akuyang'anabe kutsogolo. Anati phirilo lili ndi msana wautali, kumanzere limatsika pang'onopang'ono, kumanja likuoneka ngati analisema ndi nkhwangwa, ndipo pamwamba pakhala mtambo.

"Mtambowo uli chakumanja?"

"Chakumanja."

"Ndi lomwelo. Mudzi wathu unali pansi pa mtambowo." Anayamba kulankhula Chilomwe, kutchula maina a anthu amene ine sindinawamvepo, mmodzimmodzi, ngati akuwaitanira chakudya. Kamphepo kozizira kanabwera kuchokera komweko, iwo anatsegula pakamwa kuti kalowe.

Atatha anati, "Tembenukani." A A. osatembenuka. "Tembenukani, bambo. Kuyambira dzinja lija sindinaone nkhope ya munthu, ngakhale ya Esteri. Inu mwakhala mukugwera m'chitedze pachabe, ine ndikulemekeza nthochi." Kani za nthochi amazidziwa! A A. anatula mphika n'kutembenuka ngati akupita kokanyongedwa, maso atatsinzina. Amayi anatsatira nsungwi ndi manja mpaka anafika padzanja lawo, paphewa, pankhope. Anapapasa mphumi, mphuno, makutu, n'kufika pamutu.

"Iii! Dazi?"

"Ndi matabwa, amayi."

Apa ndi pamene ndinalephera kudzigwira, kuseka ndi kulira zinatulukira pamodzi. Amayi anatembenukira kumene kunali phokosolo. "Esteri, ndinakumva kalekale m'nkhalango muja, umapuma ngati ng'ombe. Zaka zonsezi osandiuza kuti unakwatiwa ndi munthu wa dazi?"

Tinadya kalongonda mumphika umodzi, atatu. A A. anayamba kunena za nkhuku, kuti mwina akagule ina kuti zinthu zikhale m'malo mwake. Amayi anati, "Nkhuku inafa kale, isatilamule. Idyani." Anadya, koma dzanja likakumana ndi la Amayi mumphika ankalibweza msanga ngati lapsa.

Mitambo itayamba kukwera tinanyamuka. A A. anatola nsungwi n'kuwapatsa Amayi nsonga yake. Amayi anaikankha. "Imeneyo mupatseni mkazi wanu. Ine ndipatseni dzanja, mwananga."

Nsungwiyo ndi mphika ndinatsika nazo ine.